PA MAFUWA: Nyemba Zokazinga za ku Mexico

Mwezi uno tikamba za nyemba, ndiwo zimene zipezeka pafupifupi m'nyumba iliyonse, koma zimene anthu ambiri saziwerengera. Mlendo akafika mwadzidzidzi napeza nyemba pamoto, mayi wa panyumba ayamba wapepesa asanapereke madzi osamba m'manja. Mwana amene wabwera ku tchuthi kuchokera ku sukulu yogonera komweko safuna kumva ngakhale fungo lake, pakuti wadya nyemba zofumbwa teremu yonse. Ndipo nyemba zikatsala mumphika, kawirikawiri zithera kudzala kapena kwa agalu, chonsecho zinatha nkhuni zambiri ndi nthawi yaitali kuti zipse.

Akulu anati mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi. Tsono tiyeni tipite kutali, ku dziko la Mexico, kumene nyemba zili kwawo kwenikweni. Anthu a kumeneko ali ndi kaphikidwe kotchedwa frijoles refritos: awiritsa nyemba, naziphwanya, nazikazinga m'mafuta ndi anyezi kufikira zitasanduka phala lolimba ndi lonunkhira. Chakudyachi achiika pambali pa zakudya zina m'nyumba za osauka ndi za olemera zomwe, ndipo palibe amene apepesa pochipereka. Tifuna kuti tione kumene chinachokera, mmene achiphikira, ndi chimene banja lachikhristu lingaphunzirepo.

Kwawo kwa nyemba

Mexico ndi dziko lalikulu la ku North America, kummwera kwa United States. Kalembera wa chaka cha 2020 anapeza kuti muli anthu 126 miliyoni. Chilankhulo chachikulu ndi Chisipanishi, ngakhale kuti mitundu yambiri ya eni nthaka ikali kulankhula zilankhulo za makolo awo. M'dziko limeneli ndimo mmene chimanga chinayambira kulimidwa zaka zikwi zambiri zapitazo. Nyemba nazonso zinali zomera kutchire, ndipo anthu anayamba kuzilima m'madera awiri: ku Mexico ndi ku mapiri a Andes ku South America. Mbewu ziwirizi zinaoloka nyanja pambuyo pa ulendo wa Christopher Columbus wa mu 1492, ndipo zinafika ku Africa kuno m'zombo za amalonda, makamaka Apwitikizi. Motero nsima ya chimanga ndi nyemba, zimene tizitcha zathuzathu, ndi alendo amene anabwera nakhazikika.

Alimi a ku Mexico ali ndi munda umene autcha milpa, mmene abzala chimanga, nyemba ndi maungu pamodzi. Nyemba zoyanga zikwera mapesi a chimanga. Mizu ya nyemba ili ndi timatuza mmene mukhala tizilombo tosaoneka ndi maso, timene titenga chonde mumpweya ndi kuchiika m'nthaka. Masamba a maungu aphimba pansi, nasunga chinyezi, naletsa udzu. Mlimi wa ku Dedza kapena ku Ntchisi atalowa m'munda wotere sangadabwe kanthu, pakuti ndi momwe makolo athunso anali kubzalira.

Ulemu wa nyemba m'dzikomo ndi wakalekale. Buku la zithunzi lotchedwa Codex Mendoza, limene linalembedwa cha m'ma 1541, lionetsa msonkho umene midzi yogonjetsedwa inali kupereka kwa mafumu a Aztec, ndipo pakati pa nsalu, nthenga ndi miyala ya mtengo wapatali pali nkhokwe za chimanga ndi nkhokwe za nyemba. Wansembe wina wa Chikatolika, Bernardino de Sahagún, amene anafika ku Mexico mu 1529, analembanso za ogulitsa nyemba m'misika ndi mitundu yosiyanasiyana imene anali kugulitsa. Chakudya chimene mfumu iitanitsa ngati msonkho sichikhala chakudya chachabechabe.

Koma nthawi imeneyo nyemba anali kungoziwiritsa, pakuti m'dzikomo munalibe nkhumba, ng'ombe kapena nkhosa, ndipo kukazinga m'mafuta sikunali kozolowereka. Mu 1519 kunafika Hernán Cortés ndi asilikali a ku Spain, ndipo mu 1521 mzinda waukulu wa Tenochtitlan unagwa. Inali nthawi ya misozi, pakuti nkhondo ndi nthomba imene inabwera ndi alendowo zinapha anthu osawerengeka. Alendo omwewo anabweretsanso nkhumba ndi ng'ombe, ndipo m'kupita kwa zaka mafuta a nkhumba ndi tchizi zinalowa m'makhitchini a eni dziko. Pamenepo mpamene panabadwira chakudya tikunenachi: nyemba ndi za eni nthaka, mafuta ndi a obwera.

Dzina lake lasokeretsa anthu ambiri. Frijoles ndiye kuti nyemba, ndipo frito ndi chinthu chokazinga. Kachidutswa ka re kamene kali kutsogoloko, m'Chisipanishi cha ku Mexico katanthauza kuti chinthu chachitika kwambiri kapena bwino lomwe. Olankhula Chingerezi anamva ngati akuti kawiri, nazitcha refried beans, ndipo kufikira lero ena aganiza kuti nyembazi azikazinga kawiri. Ayi ndithu. Zikhala pamoto kawiri, poyamba mumphika ndipo kenaka m'chiwaya, koma kukazinga ndi kamodzi kokha.

Mwina owerenga ena akondwa kumva kuti m'dziko lomweli muli abale athu m'chikhulupiriro. Amishonale a mpingo wa Presbyterian anayamba ntchito ku Mexico mu 1872, ndipo mpingo wa kumeneko, Iglesia Nacional Presbiteriana de México, unakhazikitsa msonkhano wake waukulu mu 1947. Mpingowu uli ndi mphamvu makamaka kummwera, m'zigawo za Chiapas ndi Tabasco, kumene akhristu ambiri ndi alimi a chimanga ndi nyemba monga ife.

Mmene adyera

M'malo mwa nsima, anthu a ku Mexico adya tortilla, timikate topyapyala tozungulira. Awiritsa chimanga ndi laimu, nachitsuka, nachipera chili chonyowa, naumba timikateto ndi kutiotcha pa phale lafulati. Munthu anyema kachidutswa natapira nyemba, monga ife tichita ndi mbamu ya nsima. Nyemba zokazinga zipezeka m'mawa pambali pa mazira. Azipaka pa buledi wong'amba pakati ndi kuwaza tchizi pamwamba, chakudya chimene achitcha molletes. Azipakanso pa tortilla youma kuti nyama ndi masamba zimamatirepo. Pa chakudya chachikulu cha masana, mwambo wakale unali wakuti nyemba zibwere nyama itatha, kuti pasakhale munthu wonyamuka ndi njala.

Mtundu wa nyemba usiyana malinga ndi dera. Kumpoto akonda zamawangamawanga zotchedwa pinto, pamene kummwera, monga ku Oaxaca, Veracruz ndi Yucatán, akonda zakuda. Chigawo cha Zacatecas ndicho chilima nyemba zambiri koposa. Mu 2010 bungwe la UNESCO linalemba kaphikidwe ka makolo ka ku Mexico m'kaundula wa chuma cha chikhalidwe cha anthu a padziko lonse, ndipo maziko a kaphikidweko ndi zinthu zitatu: chimanga, nyemba ndi tsabola. Ife amene tilibe pinto tisade nkhawa. Nanyati ndi Kholophethe zifanana nazo m'maonekedwe ndipo ziphwanyika bwino. Napilira ndi nyemba zina zofiira zithekanso, ngakhale kuti makungu ake ndi olimbirapo.

Ntchito yoyamba: nyemba za mumphika

Nyemba zokazinga zabwino ziyambira pa nyemba zowiritsa bwino. Ku Mexico azitcha frijoles de olla, ndiko kunena kuti nyemba za mumphika, ndipo amayi ambiri akali kukonda mphika wadothi. Pofuna kuphikira banja lalikulu, tengani izi:

Nyemba zouma theka la kilogalamu, ndiwo makapu 2 ndi theka
Madzi malita 2 kapena 2 ndi theka
Theka la anyezi wamkulu, wosaduladula
Tizigawo 2 ta adyo
Supuni yaikulu 1 ya mafuta
Masupuni aang'ono 2 a mchere

Sankhani nyemba pa lichero, kuchotsa timiyala, zinyalala ndi zofumbwa, ndipo muzitsuke. Amayi ambiri a ku Mexico saviika nyemba, koma ife amene nkhuni ndi makala zativuta tichita bwino kuziviika maola 8 mpaka 12. Nyemba zoviika zipsa msanga, ndipo mukataya madzi oviikirawo, zina mwa zinthu zimene zidzaza mpweya m'mimba zichoka nawo. Ikani nyemba mumphika ndi madzi atsopano, anyezi, adyo ndi mafuta. Mafutawo athandiza kuti thovu lisasefukire.

Apa pali chinthu chimene mwana aliyense wophunzira kuphika ayenera kudziwa. Nyemba zaziwisi zili ndi ululu wachilengedwe umene madokotala autcha lectin, ndipo uchuluka makamaka m'nyemba zofiira zikuluzikulu. Ululuwu utha mphamvu pokhapokha nyemba zitabwata kolimba kwa mphindi zosachepera 10. Nyemba zimene zangofundira pa moto wozirala, osabwata, zingathe kusanzitsa ndi kutsegula m'mimba patangopita ola 1 mpaka maola 3. Choncho sonkhezani moto poyamba, nyemba zibwate ndithu, ndipo pambuyo pake muphule nkhuni zina kuti ziziwira pang'onopang'ono, mphika uli wovundikira mosiya kampata.

Kuona maso a nkhono n'kudekha. Nyemba zatsopano zoviika zingapse pa ola 1 ndi theka, koma zina zifuna maola 2 kapena 3. Zimene zakhalitsa m'thumba pamalo otentha ndi achinyezi ziuma mtima ndipo zichedwa koposa. Malo okwera nawonso achedwetsa, chifukwa kumeneko madzi awira asanatenthe kwambiri. Mzinda wa Mexico City uli pa mamita 2,240 kuchokera pa nyanja yamchere, ndipo madzi awira pa madigiri pafupifupi 92 m'malo mwa 100. Abale athu a ku Dedza aidziwa bwino nkhaniyi. Madzi akachepa onjezani otentha, osati ozizira, ndipo nyemba zikhale zomira nthawi yonse, pakuti msuzi wake tidzaufuna.

Mwambo wa ku Mexico ndi wothira mchere nyemba zitayamba kufewa, ndi kuzisiya pamoto mphindi zina 15 kapena 20 kuti ulowerere. Chimene chiumitsa nyemba kwenikweni si mchere, koma zinthu zowawasa monga matimati ndi mandimu. Zimenezi zisalowe mumphika nyemba zisanapse. Ena athira soda kapena chidulo kuti zifewe msanga. Zifewadi, koma soda aononga vitamini B1 amene ali m'nyemba, ndipo kuviika nakonso kuthandiza kuti zifewe msanga. Kummwera kwa Mexico aponyamonso masamba onunkhira otchedwa epazote, makamaka m'nyemba zakuda. Popanda masambawa nyemba zikomabe. Mudzadziwa kuti zapsa pamene nyemba imodzi, mutaifinya pakati pa zala ziwiri, inyenyeka yonse popanda kamtima kolimba, ndipo msuzi wayamba kukhuthala. Chotsani anyezi uja. Tsono banja lingadye gawo lina monga ndiwo za masiku onse, ndipo lotsala ndilo tipita nalo m'chiwaya.

Ntchito yachiwiri: kukazinga

Pa anthu 5 kapena 6 pafunika izi:

Makapu 3 a nyemba zowiritsa
Kapu 1 ya msuzi wake
Masupuni aakulu 3 a mafuta
Theka la anyezi, wodula tizidutswa ting'onoting'ono
Tsabola wamuwisi 1, kwa amene amkonda

Tengani chiwaya chotakata ndi cholimba pansi. Ngati mulibe, poto wotakata akwanira. Tenthetsani mafuta pa moto wapakati, muikemo anyezi, ndi kutakasa kufikira atafewa ndi kuyamba kufiira m'mbali. Apa mpamene pagona kukoma konse, choncho musafulumire, komanso anyezi asapserere, pakuti wopserera awawitsa chiwaya chonse. Ofuna tsabola amuike tsopano, wathunthu kapena wong'amba pakati, kuti adzathe kumuchotsa fungo lake litalowa.

Thirani kapu imodzi ya nyemba ndi msuzi pang'ono. Chenjerani ndi mafuta othetheka. Phwanyani nyembazo m'chiwaya momwemo. Ku Mexico ali ndi kamtengo kophwanyira kotchedwa machacador, koma mthiko, kumbuyo kwa chipande kapena kamunsi koyera zichita ntchito yomweyo. Kapu yoyamba ikaphwanyika onjezani yachiwiri, kenaka yachitatu, muli kuthira msuzi pang'onopang'ono. Chifukwa chake chothira pang'onopang'ono ndi chakuti nyemba zonse zikhudze mafuta otentha. Mukakhuthula zonse nthawi imodzi chiwaya chizizira, ndipo mukhala mukuwiritsanso m'malo mokazinga.

Pitirizani kutakasa ndi kupala pansi pa chiwaya kwa mphindi 10 mpaka 15. Poyamba zioneka zamadzimadzi, koma nthunzi ikamachoka ziyamba kulimba ndi kunyezimira. Mukadutsitsa mthiko pakati n'kusiya kanjira kamene katsekeka mwapang'onopang'ono, zapsa. Lawani mchere pomalizira penipeni, chifukwa madzi akamauma mchere umveka kwambiri. Phulani zikali zofewa pang'ono kuposa mmene muzifunira, pakuti zilimba pozizira monga lichita phala. Ena akonda zosalala, ena akonda kuti nyemba zina zikhale zathunthu. Ku Mexico kuli amayi amene apitiriza kukazinga kufikira nyemba zitasiyana ndi chiwaya, nazikunkhuniza kukhala mpukutu umodzi, nauika m'mbale ndi tchizi woyera wonyenyanyenya pamwamba.

Zikauma kwambiri ndi kung'ambika, thirani msuzi kapena madzi otentha ndi kutakasa. Zikakhala zamadzi, zibwezereni pamoto. Zikamveka ngati muli mchenga, ndiye kuti sizinapse mumphika, ndipo chiwaya sichingakonze zimenezo. Zikakhala zozizira m'kamwa, chasowa ndi mchere kapena anyezi sanafiire.

Wina adzati, kodi chimenechi si chipere? Ndi abale ndithu, koma asiyana. Pophika chipere tiyamba tachotsa makungu, ntchito imene itenga nthawi, ndipo chipsera mumphika momwemo. Nyemba za ku Mexico sachotsa makungu, motero palibe chotayika, ndipo makunguwo athandiza kuti m'mimba muziyenda bwino. Komanso chimaliziro chake chili m'mafuta otentha, amene apatsa nyemba fungo lina losiyana ndi la zowiritsa.

Za mafuta

Kaphikidwe ka makolo kafuna mafuta a nkhumba, amene ku Mexico awatcha manteca. Kuwakonza nkosavuta: dulani mafuta oyera a nkhumba tizidutswa, muwaike m'poto ndi madzi pang'ono pa moto wochepa kufikira atasungunuka, ndipo muwasefe. Mafuta amenewa ndiwo apereka kukoma kumene anthu a kumeneko anazolowera. Komabe mafuta a nyama akachuluka m'thupi sachitira bwino mtima ndi mitsempha ya magazi. Amene adwala mtima kapena kuthamanga kwa magazi agwiritse ntchito mafuta a mpendadzuwa, a mtedza kapena a soya, achepetsenso mchere. Mabanja ambiri a ku Mexico masiku ano achita chimodzimodzi. Tikumbukirenso kuti anansi athu ena, monga Asilamu ndi a Seventh-day Adventist, sadya nkhumba. Mafuta akalowa m'nyemba saoneka. Tsono nkosayenera kuti mkhristu apatse mnansi wake mobisa chinthu chimene chikumbumtima chake chimletsa. Ngati muyembekeza mlendo wotere, phikirani mafuta ena.

Chenjezo pa mkute

Ubwino waukulu wa kaphikidwe aka ndi wakuti mphika umodzi ubala zakudya ziwiri zosiyana, ndipo nkhuni za mphindi 15 zokha zikwanira chachiwiricho. Koma tinene momveka: chiwaya sichiukitsa nyemba zoonongeka. Nyemba zophika zisasa msanga, makamaka m'miyezi yotentha ya Okutobala ndi Novembala. Bungwe la World Health Organization lilangiza kuti chakudya chophika chisakhale poyera koposa maola 2. Chikhale chotentha pamoto kapena chozizira mufiriji. Ndipo tizilombo tina tisiya ululu umene sutha ngakhale mutatenthetsanso.

Amene ali ndi firiji aziziritse nyemba msanga m'mbale yosaya, aziike mufiriji pamodzi ndi msuzi wake, ndipo azidye pasanathe masiku 3 kapena 4. Amene alibe firiji, njira yabwino ndi iyi: wiritsani m'mawa, mudye zamsuzi masana, musiye zotsala zovundikira pa makala kuti zikhale zotentha, ndipo muzikazinge madzulo a tsiku lomwelo. Gawani zokazingazo ndi chipande choyera musanayambe kudya. Zotsala m'mbale imene anthu apisamo manja si zosunga. Ambiri awiritsanso nyemba usiku pogona ndi m'mawa podzuka. Kutero kuchepetsa ngozi koma sikuichotsa yonse, choncho nyemba zogona zotere musapatse khanda, wodwala kapena mayi woyembekezera. Ndipo nyemba zikachita thovu, zikananda kapena zikanunkha kusasa, zitayeni osalawa. Kusunga chakudya ndi nzeru, koma kudwalitsa banja poumira kapu imodzi ya nyemba si nzeru ayi.

Chifukwa chake tilemba izi

Kafukufuku wa zaumoyo amene boma la Malawi linachita mu 2015 ndi 2016 anapeza kuti mwa ana 100 alionse osakwana zaka 5, ana 37 anali opinimbira. Zifukwa zake nzambiri, koma chimodzi ndi chakuti ana akhuta phala ndi nsima popanda zakudya zomanga thupi zokwanira. Magalamu 100 a nyemba zouma ali ndi magalamu oposa 20 a mapulotini. Chimanga chiperewera kachigawo kena ka mapulotini kotchedwa lysine, kamene nyemba zili nako kambiri, ndipo nyemba ziperewera kena kamene chimanga chili nako. Zikadyedwa pamodzi zikwaniritsana. Anthu a ku Mexico anamanga mizinda ndi maufumu akudya mbewu ziwirizi, asanadziwe mayina a zinthu zimenezi.

Nyemba zilinso ndi ayironi, wothandiza magazi. Thupi limulandira bwino ngati pa chakudya chomwecho pali matimati aawisi, mandimu kapena zipatso, pamene tiyi womwera pamodzi ndi chakudya achepetsa. Nkwabwino tsono kutengera mwambo wa ku Mexico woika pambali matimati, anyezi ndi tsabola zoduladula, zofinyira mandimu. Mapeyala, amene kwawo ndi ku Mexico komweko, ayenderana bwino ndi nyembazi. Ndipo popeza nzofewa, mwana amene wakwanitsa miyezi 6 nayamba kudya angapatsidwe supuni imodzi kapena ziwiri zosakaniza m'phala, zophwanyika bwino, zopanda tsabola ndi mchere wambiri. Agogo amene mano anatha adzathokozanso. Mwana wa sukulu amene apaka nyemba zimenezi pa buledi kapena adyera mbatata ndi chinangwa m'mawa akhala wokhuta kufikira masana kuposa amene wangomwa tiyi.

Mau a Mulungu sanyoza chakudya chotere. Pa 2 Samueli 17:27-29 tiwerenga za Mfumu Davide ali kuthawa mwana wake Abisalomu. Atafika ku Mahanaimu, wotopa ndi wanjala pamodzi ndi anthu ake, amuna atatu anamtengera zofunika, ndipo pakati pa tirigu, uchi ndi nkhosa panali nyemba ndi mphodza. Sizinali nyemba za mtundu wathu uno, pakuti izi zinali zikali kutsidya kwa nyanja, koma zinali za banja lomwelo. Anthu aja sanachite manyazi kupereka nyemba kwa mfumu, ndipo mlembi woyera sanachite manyazi kuzilemba. Pa Yohane 6 tionanso Ambuye Yesu, atadyetsa amuna 5,000, akulamula ophunzira kuti atole makombo, ndipo anadzaza mitanga 12. Iye amene anali ndi mphamvu yochulukitsa mikate sanalole kuti zotsala zitayike. Nanga ife, amene tidya thukuta lathu, tidzatayiranji?

Kunyoza nyemba ana akuphunzira kwa akulu. Bambo akakwinya nkhope poona nyemba, nanena kuti lero kulibe ndiwo, mwana amva, ndipo akakula adzakongola ndalama kuti agule nyama pamene thumba la nyemba lili m'nyumba. Pemphero loyamika chakudya limene titsogolera ana athu liyenera kugwirizana ndi nkhope zathu. Sitikunena kuti nyama ndi nsomba nzoipa, kapena kuti nyemba zofumbwa ndi zosapsa ziyenera kuyamikiridwa. Tikunena kuti chakudya chimene Mulungu watipatsa chochuluka tichiphike mwaluso ndi mosamala, monga tichitira ndi nkhuku ya mlendo.

Kwa inu achinyamata, anyamata ndi atsikana omwe, ntchito iyi ndi yanu. Kuphwanya nyemba m'chiwaya kufuna dzanja lamphamvu, ndipo mayi amene watha maola atatu pa utsi ayenera kupumula. Mnyamata amene adziwa kuwiritsa ndi kukazinga nyemba sadzagona ndi njala akadzapita kukaphunzira kapena kukagwira ntchito kutali ndi kwawo, ndipo ndalama zake zidzafika kumapeto a mwezi. Pemphani makapu atatu a nyemba pa mphika wa sabata ino, muyese. Amayi a Chigwirizano angathenso kuphunzitsana pa msonkhano wawo, wina atabweretsa nyemba, wina anyezi, wina chiwaya, pakuti dzanja liphunzira msanga poona kuposa powerenga.

Mukayesa, tilembereni kudzera kwa mkonzi, mutiuze mtundu wa nyemba umene munaphika ndi mmene banja linalandirira. Mulungu wa mtendere adalitse minda yanu, miphika yanu ndi ana anu.